Palibe Aponde Mpaka Ndinene

Ndiyambe ndanena, kuti musandidule pakamwa ndili pakati: tinagonja. Masewero onse a mpikisano uja anatiphika, ndipo za zigoli musandifunse, chifukwa wokatola mpira mu ukonde ndinali ine. Ndine goloboyi wa timu ya hoke ya amayi. Inde, goloboyi, ngakhale ndine mayi wa ana ndipo uboyi ndilibe ndi pang'ono pomwe. Hoke ndi mpira uja wa ndodo zopindika kumapeto, kampira kake kolimba ngati mwala. Mwina simuudziwa. Koma kanema uja munamuona, ndikudziwa, amene anazungulira m'mafoni: azimayi atandanda m'mphepete mwa bwalo, ndodo zili m'manja, ati akuopa kuponda madzi. Munaseka. Sekani ndithu, mano ndi anu. Koma mayi amene waima patsogolo mu kanemayo, atatambasula mkono, ndi alamu anga, ndipo lero mumva za iwo kwa munthu amene analipo.

Anakwatiwa ndi achimwene anga, owotcherera zitsulo. Alamuwo ntchito yawo ndi yokolopa m'nyumba ina yaitali ya maofesi pakati pa tauni. Amalowa ndi ndowa, chikolopa cha mtengo wautali, ndi kachikwangwani kachikasu kaja kochenjeza kuti pansi panyowa. Kachikwangwaniko anthu amakalemekeza zedi. Amakalambalala bwinobwino kuti asakagunde, kenako nkuponda pomwe alamu angokolopa kumene. Nsapato zopolisha, zidendene zosongoka, wina ali pafoni, wina akutafuna. Palibe amati pepani. Palibe amakweza maso kuti aone ngati mwini chikolopayo ali ndi nkhope. Alamu amangodikira kuti adutse, nkubwerera, nkufufuta mapaziwo. Tsiku lina ndinawafunsa kuti bwanji osamukolopa kumaso mmodzi, enawo atengerepo phunziro. Anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi.

“Alamu, inu mukanagwira ntchito yangayi, bwenzi tikukubweretserani chakudya kundende.”

Sananame.

Ku ofesi amameza, koma kunyumba kwawo ayi. Akakolopa pabalaza lamulo ndi limodzi: palibe aponde mpaka anene. Achimwene anga, munthu wamkulu ndi ndevu zake, ndawaonapo ataima pakhomo la nyumba yawoyawo, tiyi akuzizira patebulo iwo akumuona.

“Mayi, pauma kodi?”

“Ndanena?”

“Simunanene.”

“Ndiye mukufunsiranji?”

Abusa atabwera kudzacheza, nawonso anaima pakhonde ndi Baibulo lawo kukhwapa mpaka anauzidwa kuti lowani. Ndipo lamulolo silinali lopanikizira ena okha. Kuchipatala, kusitolo, kulikonse, alamu akapeza mnzawo akukolopa amaima, achedwe asachedwe. Ine zimenezi zimandipsetsa mtima. “Alamu, tiyeni, anthu onse akudutsa!” Iwo osasuntha. “Apo si pansi chabe, ndi msana wa munthu umenewo. Inu dutsani.” Tsono udutsa bwanji munthu atanena choncho? Timangoima tonse awiri, ine ndikutukwana chamumtima.

Hoke anayamba ali mtsikana kusukulu. Mphunzitsi wina anapeza mtolo wa ndodo zakale m'chipinda chosungira katundu. Anyamata ataziona anati iwo mpira wa makasu sasewera, ndiye anatola ndi atsikana. Sukuluyo alamu sanamalize. Bambo awo atamwalira panafunika wina woti akagwire ntchito, ndipo wamkulu anali iwo. Mabuku anasiya, ndodo sanasiye. Pobwera kubanja katundu wawo anali sutikesi imodzi ndi ndodoyo, moti amayi anga anakokera achimwene kuseri kwa nyumba nkuwafunsa kuti, “Mwana wanga, mkazi wobwera ndi chibonga chake, waganiza bwino?” Achimwene poyamba ankang'ung'udza, ati mkazi wapabanja kumathamanga pagulu ndi kasiketi. Anang'ung'udza, anang'ung'udza, atatopa anatiwotcherera magolo. Ine anandikoka ndi alamu omwewo. Ndinali telala wanga phee pamakina, iwo nkubwera nkuti, “Inu pakamwa panupo palibe chimadutsa osachibweza. Tiyeni mukaime pagolo.”

Bwalo lathu lili kuseri kwa depoti ya mabasi. Kapinga palibe. Ndi dothi, timiyala, zitsekerero za mabotolo, ndi dzenje limodzi lomwe tonse timalidziwa ngati m'bale wathu. Mpira sugubuduka, umangodumphadumpha, ndipo aliyense wa ife ali ndi chipsera chake. Alamu dzino lakutsogolo analisiya pomwepo, ndipo anamaliza masewerowo akulavula magazi, kuchipatala nkupita pambuyo. Amasewera kumbuyo, kutsogolo kwanga kwenikweni. Mpira uliwonse wosochera m'dera langa amauchotsa ndodo itagona pansi, fyaa! Nkomwe kunachokera dzina lakuti a Chikolopa. Anawapatsa ndi atsikana a mutimu, mwachikondi, ndipo iwo ankavomera akaitanidwa. Za ukaputeni palibe anavota. Munthu amene amafika woyamba kudzatola miyala, amene amadziwa kuti uyu sanadye, uyu chibwenzi chamutaya, uyu akubisa kuti chala chatupa, mungamuvoterenso chiyani?

Zaka zinapita tikungosewera ndi timatimu tomwetomweto, mpaka kunamveka kuti kunja kuli mpikisano wa mayiko wa amayi, ndipo dziko lina lalephera kupita, malo atseguka. Tinalowera pawindo, tinene zoona, koma tinalowa. Alamu atakapempha tchuthi kwa kapitawo wawo, nkutchula za ndege, kapitawoyo anaganiza kuti akufuna kusamukira kokakolopa kubwalo la ndege. Anachita kumuonetsa chipsera ndi mpata wa dzino kuti akhulupirire. Panthawiyi alamu imvi zinali zitayamba m'mbali mwa mutu, ndipo bondo lakumanja linkalira akamakwera masitepe. Tonse tinkadziwa, ngakhale palibe ananena, kuti kwa iwo mpikisano umenewu ndi woyamba komanso womaliza. Chimene ankafuna chinali chimodzi: kutsogolera timu yawo polowa m'bwalo la mayiko, kansalu ka kaputeni kali pamkono. Kamodzi kokha, kenako bondo lichite zomwe likufuna.

Apa mpamene tinadziwana ndi a Jekete. Ndi akuluakulu a ku bungwe la masewero. Zaka zonse zija kuseri kwa depoti sitinaonepo ndi chithunzithunzi chawo chomwe, koma itamveka nkhani ya ndege anatulukira, atavala jekete la baji pachifuwa lomwe savula ngakhale dzuwa liswe mtengo. Tisanakwere anatiika pamzere.

“Atsikana, kumene tikupitaku mukaonetse kuti ndinu anthu ozindikira. Musakandichititse manyazi.”

Atsikana! Ena a ife ana athu ali kusekondale. Tinalinso ndi a Kochi athu, mphunzitsi wa masewero, munthu wabwino koma wofewa ngati buledi wonyika mu tiyi. Akaona jekete mawu amawathawa.

Tinafika. Mpikisano usanayambe timu iliyonse inapatsidwa kanthawi kake koyesa bwalo, ndipo kathu kanali ka masana, mawa lake nkusewera. A Jekete anatenga a Kochi kupita nawo kumsonkhano wa akuluakulu, ati akawanyamulire mapepala. Ife basi inatitsitsa pageti tokha.

Abale inu, bwalo lija! Tinkadziwa kuti ndi la kapeti, tinaonapo pafoni, koma kuona ndi maso ndi nkhani ina. Labuluu, losalala, mizere yoyera mbee, lopanda ndi kamwala kamodzi komwe. Atsikana anangoti kukamwa yasa. Chakumapeto kwake kunali bambo wina wachikulire, wa ovololo ndi majombo, atagwira chipayipi chachikulu, madzi akuwazika pakapeti ponse. Ankayenda pang'onopang'ono akukoka chipayipicho, msana utapindika.

Tsono inu munaseka aja, ndiyankheni. Mukaona munthu wa ovololo akuthira madzi pakapeti, mumati akutani? Kapinga wapulasitiki samera. Kwathu mpopi umakhala wouma gwa, alamu amakolopera madzi otsala pochapa. Ndani wamisala angataye madzi onse aja kungoti pansi panyowe? Tonse tinaona chinthu chimodzi: bamboyo akuchapa kapeti, ndipo alendo tamupeza asanamalize.

Kamphepo anali atakweza kale mwendo. Ameneyu ndi mtsikana wathu wogoletsa, amagulitsa m'sitolo ya mafoni, ndipo amathamanga ngati waba. Alamu anatambasula mkono.

“Palibe aponde mpaka ndinene.”

“Koma anti, nthawi yathu yayamba.”

“Iyambe. Sukuwaona bambowo? Msana umenewo.”

Tinandanda m'mphepete, pasimenti. Bamboyo anationa. Anakweza dzanja nkumalikupiza, akukuwa m'chinenero chake.

“Mwamva?” anatero alamu. “Akuti tisendere.”

Tinasendera kumbuyo, alamu akuwerama kupepesa. Bamboyo anakupizanso, mwamphamvu tsopano. Tinasenderanso. Anatiyang'ana, anakanda m'mutu, anatseka madzi nkupita.

Ife tinayamba kudikira kuti paume. Koma kapeti uja anali atamwa madzi mpaka kukhuta. Alamu ankagwada m'mphepete, kukhudza ndi chikhatho, nkupukusa mutu. “Sipanaume.” Pamipando panali anthu ochepa, ena a matimu ena, ndipo ndinaona mafoni atakwezedwa. Ndinayesa akujambula yunifolomu yathu, poti ndinasoka ndine, moti ndinaimanso bwino kuti zioneke. Kenako inafika timu ina, akazi ataliatali, nthawi yathu itatha. Bambo uja anabwerera, anatsegulanso madzi, ndipo akaziwo anathamangira momwemo madzi akugwa. Mpira unkatsetsereka pamadzipo osadumpha ngakhale kamodzi.

Kamphepo anali atawerama pafoni. “Anti,” anatero ndi mawu apansi, “akuti amathira dala. Bwaloli amasewerapo lili lonyowa. Likauma mpira suyenda, komanso ukagwa limasupula khungu.”

Alamu anayang'ana bambo uja nthawi yaitali, kenako anatola chikwama chawo. Titafika kuhotelo anayenda chipinda ndi chipinda, kugogoda, kupepesa mtsikana aliyense kuti amudyera nthawi yake yoyesa bwalo. Palibe anawakwiyira. Tikanawakwiyira bwanji, tonse tinaona kapeti akuchapidwa.

Dzuwa lisanalowe kanema anali atafika kwathu nkubwerera. Ena anaikamo nyimbo. Wina anawazindikira alamu nkulemba kuti mayiyu ndi wokolopa m'maofesi, ndipo dzina lake lomwe ndi Chikolopa. Ha! Anthu anamwa wamkaka. “Dziko latumiza woyendera ukhondo.” “Mulandeni ndodo, mumupatse ndowa.” Anthu omwewo amene sanapondepo kuseri kwa depoti, amene sadziwa kuti ndodo amagwira mbali iti. Dzina lija tinkawaitana mwachikondi linasanduka chotukwanira, ndipo chimenechi ndicho chinandiwawa kuposa zonse. Achimwene anaimba foni, ine ndili pomwepo, ndinamva mawu awo akuchokera patali.

“Asiyeni aseke, mayi. Ine ndakhala ndikuima pakhomo zaka zonsezi, ndafa?”

Alamu anasekako pang'ono, koyamba chichokereni kubwalo kuja.

M'mawa mwake, tisanamwe ndi tiyi yemwe, a Jekete anatisonkhanitsa m'chipinda chodyera. Anaimika alamu pakati.

“Mayi, mukudziwa chimene mwandichita? Anzanga a mayiko ena akundifunsa ngati kwathu kuli madzi. Akuseka ine!”

Alamu anaima manja ali kumbuyo.

“Koma ndine munthu wachifundo. Muima apa ndikujambuleni. Munene kuti zinali nthabwala, munkangofuna kusangalatsa anthu, ndipo mupepese mtundu wonse. Zikatero kansalu kanu musunga.”

“Sizinali nthabwala, bwana.”

“Ndikudziwa! Nchifukwa chake ndikuti munene!”

“Ndinaona munthu akugwira ntchito ndi madzi, ndinamudikira. Kudziwa sindinadziwe, ndavomera. Anawa ndinawadyera nthawi yawo, ndipo ndawapepesa kale. Koma kuti ndiime pakamera ndinene kuti kudikira munthu ndi nthabwala, ayi. Ndikabwerera ku ndowa yanga ndikawayang'ana bwanji anzanga?”

“Mukukana?”

“Ndakana.”

Ine magazi anali atawira kalekale. “Bwana, inu munali kuti? A Kochi za madzizo ankazidziwa, koma anali kokunyamulirani mapepala!”

“Iwe goloboyi, khala chete!”

“Iwe ndi ndani? Ndine mayi wa ana ine, simunandibereke!”

Alamu anandiponda phazi. Phazi langa lokha ndilo amaponda osafunsa.

A Jekete anatambasula dzanja. Alamu anatulutsa kansalu m'thumba, anakapinda bwinobwino nkupereka.

“Mukhala pabenchi mpikisano wonse,” anatero a Jekete. “Makamera azisaka inu, ndipo ine sindifuna dziko liziona chikolopa patsogolo pa timu yanga.” Anatembenukira kwa Kamphepo. “Iwe ndiwe wophunzirako. Tenga.”

Kamphepo anatenga. Anatenga, abale! Mwana amene ndodo yake yoyamba anamupatsa ndi alamu, amene anagonapo pabalaza pawo atakangana ndi kwawo. Anatenga ndithu. A Kochi maso anali pasupuni.

M'basi Kamphepo sindinamulankhule. Ndinkangomuyang'ana kumbuyo kwa khosi, ndikukonza mawu oti ndimusambitse nawo chokweza masewero akatha. Alamu anakhala pambali panga, ndodo ili pakati pa miyendo, maso ali pawindo.

“Alamu, kabodza kakang'onong'ono kokha,” ndinatero. “Bwenzi mukulowa m'bwalo lero.”

“Inu mukananena?”

“Ine ndikanamuthira tiyi pajekete.”

“Ndiye mukundiuza chiyani?”

Mumtima ndinkalira. Zaka zonse zija za fumbi, dzino, bondo, ndege takwera, nkudzathera pabenchi chifukwa cholemekeza msana wa munthu. Ndinadana nawo a Jekete, ndinadana naye Kamphepo, ndinadana ndi aliyense wa foni m'manja.

Tinatenthetsa thupi pa kabwalo kouma kuseri kwa mipando, poti m'bwalo lalikulu munali masewero ena. Choncho mpaka nthawi imeneyo palibe mmodzi wa ife anali ataponda kapeti uja. Masewerowo atatha bambo wa ovololo anathiranso madzi, ndipo anatiika pamizere iwiri pakhomo lolowera, ife ndi akazi ataliatali omwe aja. Kamphepo patsogolo, kansalu kali pamkono. Ine pambuyo pake, nditavala zotchinga zanga zonenepa ngati matiresi, chisoti chili kukhwapa. Alamu anadutsa m'mbali, pasimenti, nkukakhala pabenchi, ndodo ataigoneka pamiyendo.

Oimbira masewero anayamba kuyenda, timu inayo inatsatira. Kamphepo anayenda mpaka pomwe simenti imathera, nkuima. Ndinamugunda kumsana.

“Yenda iwe. Watigulitsa kale, ukufunanso chiyani?”

Osasuntha. Anatambasula mkono, ndendende muja anachitira alamu.

“Pansi panyowa,” anatero mokweza.

Pamipando anthu anayamba kuseka, mafoni m'mwamba, kuyesa tikubwereza za dzulo kuti tiwasangalatse. A Kochi anabwera chothamanga.

“Ana inu, chonde, lowani! Atichotsa mumpikisano!”

“A Kochi, dzulo tinauzidwa kuti palibe aponde mpaka anene,” anatero Kamphepo. “Sananenebe.”

Apa mpamene zinandilowa. Kumbuyo kwanga ndodo zinayamba kugunda simenti imodziimodzi, go, go, go, atsikana akuzikhazika pansi. Ndinamva pambuyo pake kuti anapangana m'chimbudzi cha hotelo, ine osandiuza, ati pakamwa panga mpobooka ndikanaulula basi isananyamuke. Mwano wa ana amenewa! Koma zoona ndikanaulula. Nanenso ndinakhazika ndodo yanga, ndipo inalira kuposa zonse.

A Jekete anatsika kuchokera kumipando ya akuluakulu akudumpha masitepe. Anatizungulira nkukaima kutsogolo kwathu, pakapeti penipeni, madzi akulowa m'nsapato zopolisha.

“Mwapenga? Mukudziwa kuti dziko lonse likuona?”

“Likuona, bwana,” ndinatero. “Imani bwino, akukujambulani.”

Woimbira wamkulu, mayi wamfupi wa wezulo m'khosi, anabwerera nkuloza wotchi yake. Chinenero chimenecho tonse tinachimva. Tikapanda kulowa, masewero apita, mwina mpikisano wonse.

Alamu anaimirira pabenchi paja. Musaganize kuti anasangalala, nkhope inali moto.

“Ana inu, mukufuna kutaya zaka zonsezi chifukwa cha ine? Lowani!”

Kamphepo sanatembenuke. “Wa pabenchi sitimumva, anti. Amanena ndi kaputeni.”

Anavula kansalu nkukakweza m'mwamba. Dzanjalo silinatsike.

A Jekete anayang'ana woimbira, anayang'ana makamera, anayang'ana a Kochi kuti awathandize kukalipa. Ndipo a Kochi, buledi wathu uja, kaya mafupa anawatenga kuti. Anatenga kansalu m'dzanja la Kamphepo.

“Bwana, mapepala ndi anu. Wosewera ndimasankha ndine.”

Anatero a Kochi. Anapita kubenchi nkuwaveka alamu kansaluko ndi manja awo. Mtsikana amene anaikidwa m'malo mwa alamu anali atachoka kale pamzere, mano ali panja. A Jekete anatsala okha pakapeti. Kenako anachokapo nsapato zikulira madzi.

Alamu anabwera pang'onopang'ono, bondo likukana. Podutsa anamukoka khutu Kamphepo. “Iwe tikakambirana kunyumba.” Anafika patsogolo, nsonga za nsapato zili pamalire a simenti. Ndipo anaima. Woimbira akudikira, timu inayo ikudikira, oseka aja onse ali zii, koma mwendo osakwera. Ndinaona kuti tsopano si makani. Mwendowo sunkadziwa kuponda ponyowa pa munthu wina, moyo wonse unaphunzira kuima.

Pakona ya bwalo bambo wa ovololo anali akukulunga chipayipi chake. Anasiya. Anawongola msana, anakweza dzanja nkulikupiza, chimodzimodzi ngati dzulo.

“Alamu,” ndinanong'ona, “akuti lowani. Dzulonso ankati lowani.”

Sanandiyang'ane. “Chiyambire wonyowetsa pansi ndine. Oponda amakhala ena.”

“Lero anyowetsera inu. Msana wawowo apindira inu. Pondani, alamu, zovalazi zikundiwotcha.”

Anawerama pang'ono kwa bamboyo, momwe amachitira akapeza mnzawo pantchito. Kenako anaponda. Madzi anatuluka m'mbali mwa nsapato. Anapondanso. Atayenda pang'ono anacheuka nkuyang'ana pansi kumbuyo kwawo, kuona ngati asiya mapazi oti wina abwerere kudzafufuta. Apa ine misozi inandigonjetsa, ndinavala chisoti msangamsanga kuti a mafoni asandione.

Anatembenukira kwa ife, kansalu kali pamkono, mpata wa dzino uli poyera.

“Mukudikira chiyani? Lowani,” anatero. “Tikadetse.”